Zotengera Zobwereka kwa Anansi: Phunziro pa Mabanja a Omangidwa Popanda Mlandu

MAWU OYAMBA

Phunziro lathu la mwezi uno lichokera m'buku la 2 Mafumu, mutu 4, ndime 1 mpaka 7. Mtsogoleri apemphe mayi mmodzi kuti awerenge mokweza kawiri, mosathamanga, enafe titatseka mabuku, kuti nkhaniyi tiimve ndi makutu monga momwe timamvera nkhani ya mnzathu kuchitsime. Phunziroli ndi lotalikirapo. Nthambi imene ili ndi nthawi yochepa ikhoza kuligawa pa misonkhano iwiri.

Pa zolinga zisanu za bungwe lathu la Mothers' Union, chachisanu chimatituma kuthandiza anthu amene mabanja awo agweredwa mavuto. Ambirife tikamva cholinga chimenechi timaganiza za maliro, matenda ndi ana amasiye, ndipo pa zimenezi timayesetsa ndithu. Pamaliro sitisowa, nkhuni timabwera nazo, ufa timasonkha, usiku timachezera kuimba. Koma lilipo tsoka lina limene siliyalidwira mkeka, lopanda nyimbo, lopanda wolengeza, limene anthu amalizemba m'malo molithamangira. Ndilo tsoka la banja limene munthu wake watengedwa ndi boma popanda mlandu. Kuno ku Ntcheu tsoka limeneli lidalowa m'makomo ambiri, ndipo ena a inu amene mukumva phunziroli mudakulira m'makomo otero.

MAYI WANGONGOLE NDI MNENERI ELISA

Nkhani yake ndi iyi. Mayi wina adapita kwa mneneri Elisa akudandaula. Mwamuna wake, amene adali m'gulu la aneneri, adali atamwalira nasiya ngongole, ndipo mwini ndalama adali atatsala pang'ono kudzatenga ana ake aamuna awiri kuti akhale akapolo. Elisa adamufunsa chimene chidatsala m'nyumba. Mudalibe kanthu, kupatula timafuta pang'ono. Mneneri adamutuma kuti ayende kwa anansi ake onse kukabwereka zotengera zopanda kanthu, ndipo adamuchenjeza kuti zikhale zambiri. Mayiyo adalowa m'nyumba ndi ana ake, nadzitsekera, nayamba kuthira, ana akumupatsira. Ataitanitsa chotengera china, mwana adamuuza kuti zatha, ndipo pomwepo mafutawo adaleka kutuluka. Adawagulitsa, nabweza ngongole, ndipo zotsala zidamusunga iye ndi ana ake.

Baibulo silitchula dzina la mwamunayo. Koma aphunzitsi akale a Chiyuda, pamodzi ndi wolemba mbiri Josephus amene adakhala moyo pa nthawi ya mpingo woyamba, ankati adali Obadiya, kapitawo wa m'nyumba ya mfumu Ahabu. Werengani 1 Mafumu 18. Pamene Yezebeli ankapha aneneri a Mulungu, Obadiya adabisa aneneri 100 m'mapanga, nawadyetsa mkate ndi madzi. Aphunzitsi aja ankati ngongoleyo adaitenga podyetsa anthu amenewa. Ngati zidatero, ndiye kuti umphawi wa mayi uja sudabwere chifukwa cha ulesi kapena mowa. Udabwera chifukwa cha ndale za kunyumba yachifumu, zimene iye sadazipange. Yezebeli adapha ena, Obadiya adapulumutsa ena, koma amene adatsala ndi mwini ngongole pakhomo ndi mayi ndi ana.

Tsono taonani pamene pagona nkhani. Mafuta sadaleke chifukwa Mulungu adatopa kupereka ayi. Adaleka chifukwa zotengera zidatha. Muyeso wa chozizwitsa udali m'manja mwa anansi. Mayi aliyense amene adatulutsa mtsuko wake adakulitsa dalitsolo, ndipo aliyense amene adayankhira m'nyumba kuti "pepani, zonse zili ndi madzi" adalichepetsa. Kumbukiraninso kuti pa nthawi ya Elisa, Yezebeli adali akali moyo. Kubwereketsa mbiya ku khomo limene anthu ankalilozerana ndi milomo kudafunika mtima.

ZIMENE NTCHEU IDAONA

Ana athu amene adabadwa 1994 itadutsa sazidziwa izi, ndipo n'koyenera kuti azimve kwa ife.

M'chaka cha 1953 atsamunda adakakamiza dziko lino kulowa m'chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland. Inkosi ya Makosi Gomani II, a Philip Maseko, adakana, nauza anthu awo kuti asatsatire ena mwa malamulo a boma, monga a malimidwe. Boma lidawachotsa pa udindo nilituma apolisi ku Lizulu kuti akawatenge, ngakhale adali munthu wodwala. Pa nthawiyo adali ndi mlendo, wansembe wa mpingo wathu wa Anglican wochokera ku England, Bambo Michael Scott. Mfumuyo, mwana wake Willard ndi wansembeyo adawolokera m'dziko la Apwitikizi, koma adagwidwa nabwezedwa. Bambo Scott adathamangitsidwa m'dziko muno, ndipo Inkosi Gomani adamwalirira kuchipatala cha Malamulo ku Thyolo mu 1954, kutali ndi anthu awo.

Pa 3 Malichi 1959 Bwanamkubwa Robert Armitage adalengeza chimene akuluakulu amachikumbukira kuti imejensi. Anthu oposa 1,000 adatsekeredwa popanda kuzengedwa mlandu, ena ku Kanjedza ku Limbe, ena ku Southern Rhodesia, kumene Dr Banda adasungidwa m'ndende ya Gwelo mpaka pa 1 Epulo 1960. Anthu ankakhulupirira kuti ufulu ukabwera, zotsekerana popanda mlandu zidzathera pomwepo.

Ufulu udabwera pa 6 Julayi 1964, ndipo pasadathe miyezi itatu nduna zingapo zidasemphana ndi Dr Banda. Mmodzi wa izo adali Henry Masauko Chipembere, mwana wa wansembe wa mpingo wathu, Bambo Habil Chipembere. Kuchokera pamenepo malamulo adapatsa boma mphamvu yotsekera munthu kwa nthawi yosadziwika, ndipo lamulo lina la 1966 lidalola kulanda katundu wa munthu amene boma lamuona ngati mdani. Mayina a Dzaleka ku Dowa ndi Mikuyu ku Zomba adasanduka mayina otchulidwa monong'ona. A Mboni za Yehova adaletsedwa mu 1967 ndipo adazunzidwa kwambiri chifukwa chokana kugula makadi a chipani. Mu 1972 ambiri adathawa, ena nakakhala pa msasa wa Mlangeni, tsidya la Mozambique, pafupi ndi malire athu ano. Atabwezedwa mu 1975, ambiri adakathera ku Dzaleka. Si a mpingo wathu, koma adali anansi athu, ndipo nyumba zawo zidapsa ife tikuona.

Pali mbali ina imene sitiyenera kuilumpha chifukwa choti ndi yakwathu. Awiri mwa anthu amene ankaopedwa kwambiri m'zaka zoyambirira za m'ma 1970 adali ana a Ntcheu: Albert Muwalo Nqumayo, mlembi wamkulu wa chipani cha Malawi Congress, ndi Focus Gwede, mkulu wa apolisi a Special Branch. Nthawi yawo ndende zidadzaza. Mu 1976 nawonso adamangidwa, naimbidwa mlandu woukira boma m'khoti la mafumu, mmene munthu sankaloledwa kukhala ndi loya. A Muwalo adanyongedwa mu 1977. A Gwede adakhala m'ndende mpaka 1993. Atagwa awiriwa, omangidwa mazanamazana adatulutsidwa mu 1977. Choncho Ntcheu ili ndi mabanja a amene adatsekeredwa, ndi mabanja a amene adatsekera anzawo nadzatsekeredwanso, ndipo ena a iwo amakhala pa benchi imodzi Lamulungu. Akazi ndi ana a mbali zonse ziwiri sadasaine kalata yomangira munthu aliyense.

PAKHOMO PAMENE BAMBO ADATENGEDWA

Mabuku a mbiri amalemba za nduna ndi mafumu. Ife titsikire pakhomo pa munthu wamba. Banja limene nditi ndifotokoze lilibe dzina kapena mudzi. Ndi chitsanzo chabe, choumbidwa kuchokera ku zimene akuluakulu ambiri amasimba, ndipo mudzazindikira nokha kuti si lachilendo.

Tinene kuti bambo adali telala, wosokera pakhonde la sitolo pa msika wa m'mbali mwa msewu. Sadali wandale. Adali ndi makina amodzi ogula pangongole, munda wa chimanga ndi nyemba, mbuzi zitatu, ana asanu. Chiyembekezo cha banjali chidali chowerengeka ndi zala: kumaliza ngongole ya makina, kugula malata pang'onopang'ono, ndi kuti mwana woyamba, amene adali ndi mutu, akhoze mayeso a Sitandade 8 nasankhidwe kupita ku sekondale. Tsiku lina pamowa bambo adanena mawu odandaula za makadi, kapena mwina sadanene n'komwe, koma adali ndi mkangano wa malire a munda ndi munthu wodziwana ndi akuluakulu a chipani. Masiku amenewo mlomo wa mnzako udali wokwanira. Galimoto idafika usiku, ndipo mayi adangotsala atagwira nyali.

M'mawa mwake adayenda ulendo wa kupolisi, mwana kumbuyo, atanyamula chakudya ndi bulangete. Adauzidwa kuti munthuyo kulibe. Atafunsa kumene ali, adauzidwa kuti abwerere kwawo ngati sakufuna kumutsatira. Apa, amayi, ndi pamene tsoka ili limasiyana ndi maliro. Wamasiye amadziwa pamene pali manda, amameta, amalira, abale amagawa zogawa, ndipo m'kupita kwa nthawi amayambanso moyo. Wogamulidwa ndi khoti amawerenga zaka zake, mkazi wake nawerenga naye. Koma mkazi wa munthu wotsekeredwa popanda mlandu sadali wamasiye, sadalinso wapabanja. Sakadatha kulira mokweza, chifukwa kulirira "chigawenga" kudali mlandu pakokha. Sakadathanso kuleka kudikira.

Mwini ngongole adabwera monga adabwerera kwa mayi wa m'Baibulo, natenga makina. Mbuzi zidapita imodzi imodzi. Kumbukirani kuti sukulu ya pulayimale idayamba kukhala yaulere mu 1994. Kale lonselo fizi inkalipidwa, ndipo mwana wopanda fizi ankabwezedwa. Khadi la chipani lidafunikabe chaka ndi chaka, ndipo popanda ilo munthu ankatha kuletsedwa kulowa mumsika kapena kukwera basi, ngakhale khomo limene chipanicho chidalitengera bambo. Mvula itagwa mayi ankalima ganyu m'minda ya eni kuti apeze chakudya cha tsikulo, munda wake ukumera tchire, ndipo chaka chotsatira nkhokwe idathera mwezi wa Okutobala. Mwana wanzeru uja adasiya sukulu napita kukagwira ntchito m'minda ya fodya ku Kasungu. Mtsikana wotsatira adakwatiwa asadakhwime, chifukwa kamwa limodzi lidayenera kuchoka pa mbale. Mwini ngongole sadafunikire kutenga ana ndi chingwe, njala idamutengera.

Abale nawo adagawanika. Kumene bambo adali mkamwini, amalume ena ankati mkamwiniyu watiitanira moto pamudzi, mwana wathu angokwatiwanso. Kumene mayi adali mtengwa, apongozi ena ankamubweza kwawo kuti galimoto isadzabwerenso. Tisafulumire kuwaweruza: mantha adali enieni, ndipo m'madera ena anthu adatengedwadi chifukwa cha ubale chabe. Mu 1971 anthu ambirimbiri a m'mudzi wa Moto ku Mangochi adatengedwa pamodzi, amayi ndi ana omwe.

Koma akuluakulu amene adapyola m'zimenezi, ukawafunsa chimene chidawapweteka kwambiri, kawirikawiri satchula njala. Amatchula kuchitsime. Amati ndikafika, nkhani inkatha, ndowa zinkadzadzidwa mwachangu, ndipo ndinkatsala ndekha ndi chingwe. Amatchula ana awo amene anzawo adaletsedwa kusewera nawo. Amatchulanso tchalitchi, ndipo apa tiyenera kumva bwino: benchi imene mayiyo ankakhalapo inkakhala ndi danga mbali zonse ziwiri. Mapemphero a odwala ankatchula mayina, mapemphero a apaulendo ankatchula mayina, koma dzina la bambo uja silinkamveka. Boma lidamanga munthu mmodzi ku Mikuyu. Mudzi udamanga otsalawo popanda loko.

Komabe zotengera zidalipo. Pafupifupi m'nkhani iliyonse yotere mumapezeka munthu mmodzi kapena awiri. Lichero la ufa lopezeka m'mawa pafupi ndi nkhokwe, mwini wake osadziwika. Gogo wina amene ankati ine ndakalamba, akanditenga akandidyetse okha, nakhala pakhonde la mayiyo masana dzuwa likuswa mtengo, akusenda naye nyemba. Mphunzitsi amene "ankaiwala" kubweza mwana wopanda fizi. Kondakitala amene sankayang'ana khadi. Mabanja amene adapulumuka adapulumukira pa mbiya zazing'ono zoterezi, ndipo mafuta awo adafika pamene zidafika mbiyazo.

BAMBO ATABWERA

Timakonda kuimaliza nkhaniyi pa tsiku lotuluka, ndi nthungululu. Tsikulo lidalidi lokoma. Koma amene adatsika basi sadali yemwe adatengedwa. Ena adabwera miyendo itatupa, maso akuvutika, mano atagweluka. Ena ankadzidzimuka usiku akamva galimoto, ena ankakhala tsiku lonse osayankhula, ena adagwera m'kachasu, ndipo ukali umene sakadaulozetsa kwa amene adawamanga unkatsikira pa mkazi ndi ana. Mwana wamng'ono ankathawa kukabisala kumbuyo kwa amake pofunsa kuti mlendoyu apita liti. Mayi amene adaphunzira kuyendetsa khomo yekha zaka zitatu kapena zisanu adayenera kupezanso malo a mwamuna amene adabwera chimanjamanja, wamanyazi, wopanda makina, amene makasitomala ankaopabe kuima pakhonde lake. Olemba ntchito ankaopa kulemba munthu wochokera ku ditenshoni. Ena adapeza mkazi atakwatiwa kwina, ndipo sitinganene kuti wolakwa ndani.

Chiyembekezo chidadzukanso pamene mabishopu a Katolika adatulutsa kalata yawo pa 8 Malichi 1992, natchula poyera za anthu otsekeredwa popanda mlandu. Chaka chomwecho mipingo, wathu womwe, pamodzi ndi Asilamu ndi mabungwe ena, idakhazikitsa bungwe la Public Affairs Committee. Padabwera riferendamu ya pa 14 Juni 1993 ndi chisankho cha pa 17 Meyi 1994. Malamulo atsopano a dziko adakhazikitsa National Compensation Tribunal, bwalo loona za chipukuta misozi kwa amene adazunzidwa mu ulamuliro wa chipani chimodzi. Anthu zikwizikwi adalembetsa. Okalamba a kumidzi adagulitsa nkhuku kuti apeze thiransipoti, adasunga timapepala tawo m'mapulasitiki pansi pa mphasa, namanga nyumba zamalata m'maganizo. Bwalolo lidapatsidwa zaka khumi, ndipo lidatsekedwa mu 2004 ambiri atangolandira ndalama zochepa zoyambira, ena osalandira kanthu. Mu 2017 ofesi ya Ombudsman, pansi pa Mayi Martha Chizuma, idatulutsa lipoti lotchedwa Malawi's Unhealed Wounds, kunena mabala a dziko lino amene sadapole, nilipempha boma kuti limalize nkhaniyi. Pofika nthawiyo ambiri mwa eni mapepala aja adali atagona kale kumanda. Amene adali ndi maphunziro ndi maloya adapeza njira zina. Telala wathu uja ndi anzake ndiwo adatsalira.

Ndiikepo mawu pa nkhani ya kukhululuka, chifukwa ife amayi a mpingo timathamangira msanga pamenepa. Timauza munthu kuti "zidapita izo, iwalani, khululukani," tisadamve n'komwe chimene chidamuchitikira. Kukhululuka ndi lamulo la Ambuye, palibe wotsutsa. Koma Yosefe, amene adakhala m'ndende ya ku Igupto chifukwa cha bodza, pokhululukira abale ake adatchula poyera kuti adamugulitsa. Sadanamizire kuti sichidachitike. Munthu amene adakhala chete zaka makumi anayi ayenera kupatsidwa mpata woyankhula, ndipo kawirikawiri amene amalalikira kuiwala mokweza ndi amene adadzaza ndowa mwachangu kuchitsime kuja.

NANGA LERO?

Wina anganene kuti izi ndi zakale, Dzaleka adasanduka msasa wa othawa kwawo mu 1994, za makadi zidatha. N'zoona, ndipo tithokoze Mulungu. Koma mayi woima pakhomo la polisi ndi kontena ya nsima akalipo. Mnyamata amagwidwa pa chisokonezo cha pamsika kapena pa zionetsero iye akungodutsa. Bambo amanamiziridwa kuba mbuzi ndi munthu amene akulimbirana naye dimba. Munthu amakhala pa rimandi miyezi yambiri chifukwa fayilo yasowa kapena mboni sizikubwera, ndipo wosauka ndiye amakhalitsa, popeza alibe womuyendera m'maofesi. Kumudzi zimachitika zomwe zija: ana amasiya sukulu, munda umapinyolitsidwa, wakatapila amafika, ndipo gulu la banki m'khonde limayamba kukayika ngati mkazi wa mkaidi angabweze ngongole.

Kusiyana kwake n'kwakuti lero lamulo lili kumbali ya banjalo, ngati banjalo likulidziwa. Ndime 42 ya malamulo aakulu a dziko lino imati munthu womangidwa auzidwe chifukwa chake m'chiyankhulo chimene amamva, ndipo aonekere kukhoti pasadathe maola 48, kapena tsiku loyamba limene khoti likugwira ntchito ngati maolawo athera pa tchuthi. Imamupatsanso ufulu woyenderedwa ndi mkazi kapena mwamuna wake, abale, dokotala ndi mtsogoleri wa chipembedzo chake. Belo ya kupolisi siligulidwa. Osauka angathe kupempha loya ku Legal Aid Bureau, ndipo m'ndende zambiri mumayenda alangizi a zamalamulo otchedwa maparaligo amene amathandiza kukumbutsa milandu yoiwalika. Mu 2017 khoti lalikulu lidagamula kuti ndime ina ya lamulo la vakabu, imene inkagwiritsidwa ntchito potola anthu oyenda usiku, ikusemphana ndi malamulo aakulu a dziko. Adapita nayo kukhoti nkhaniyi adali wogulitsa malonda wamba wa ku Blantyre. Mayi wa Mothers' Union amene akudziwa zinthu zochepazi, naperekeza mnzake wosadziwa kuwerenga, wabwereketsa chotengera chachikulu kuposa thumba la chimanga.

Wina adzafunsa: nanga ngati munthuyo adalakwadi? Kugamula ndi kwa khoti. Ambuye potchula a m'ndende pa Mateyu 25 sadawagawe m'magulu awiri, ndipo mwana wa Sitandade 3 amene wagona ndi njala sadabe mbuzi ya munthu.

Pali anthu awiri m'Baibulo oti muwawerenge kunyumba. Woyamba ndi Ebedi-Meleki, Mkusi wogwira ntchito kunyumba ya mfumu Zedekiya, pa Yeremiya 38. Mneneri Yeremiya ataponyedwa m'chitsime cha thope chifukwa cha mawu amene akalonga sadawakonde, mlendo ameneyu ndiye adapita kwa mfumu kukamudandaulira. Pomutulutsa adayamba wamuponyera nsanza kuti aike m'khwapa, zingwe zisamucheke. Taganizani, m'kati mwa nkhondo, munthu kukumbukira za khwapa la mkaidi! Imeneyo ndi nzeru imene amayi timaidziwa: sopo, mchere, kansalu ka mwana. Wachiwiri ndi Onesiforo, pa 2 Timoteo 1, amene Paulo adamuyamikira chifukwa sadachite manyazi ndi unyolo wake, koma adamufunafuna mu mzinda wa Roma mpaka adamupeza, pamene ena adamutembenukira msana. Agogo athu adasiya lichero usiku chifukwa masana kudali galimoto. Ife tilibe chifukwa chimenecho. Banja la womangidwa likufuna ufa, inde, koma likufunanso kuti mudzi uone amayi ovala yunifolomu akulowa pakhomo pawo masana, nakhala pamkeka, namwa madzi a m'nyumbamo. Akatero amayi a mpingo, kuchitsime nkhani imayambanso.

ZOKAMBIRANA NDI ZOCHITA

Mtsogoleri agawe amayi m'magulu a anthu anayi kapena asanu, achikulire asakanizidwe ndi achitsikana. Yambani ndi funso ili: mayi wa pa 2 Mafumu 4 akadagogoda pakhomo panu, inu mukudziwa kuti banja lake likuonedwa ndi diso loipa ndi akuluakulu, mukadayankha chiyani, ndipo amuna anu akadati chiyani? Kenaka funsanani ngati m'mudzi mwanu kapena mu mpingo mwanu muli okalamba amene adapyola m'zaka zija, amene mpaka lero palibe adakhalapo nawo pansi kuwamvetsera. Ngati mayi wina pagulupo afuna kusimba za kwawo, mulekeni asimbe mpaka amalize, osamudula ndi vesi, ndipo zimene wanena zitsale pomwepo. Wosafuna kuyankhula asakakamizidwe. Mayina a amene adanenera anzawo asatchulidwe pa msonkhano. Nkhani yotero ikafuna kukambidwa, ipite kwa Bambo wansembe padera.

Msonkhano usanatseke, komiti ya nthambi idziwe mwakachetechete mabanja a m'dera lanu amene ali ndi munthu kupolisi kapena kundende pakali pano, a mpingo wathu ndi a mipingo ina omwe. Banja lililonse lipatsidwe amayi awiri oliyendera mlungu uno, ndipo akafike atafunsa kaye ngati eni khomo akulola. Akafunse zinthu zitatu: ana akupita kusukulu kodi, munda walimidwa kodi, ndipo tsiku la kukhoti likudziwika kodi. Pa msonkhano wotsatira mayi aliyense adzabwere ndi mbale ya ufa kapena nyemba ndi sopo mmodzi, ndipo mlembi akambirane ndi Bambo wansembe za kalata yopempha chilolezo chokachezera ndende ya Ntcheu mwezi wamawa.